Akaputeni a pa Nyanja ya Malawi: kuchokera pa Ilala ya amishonale kufika pa mzinga wa Guendolen

Pakati pa chaka cha 1875, pamene sitima yoyamba yoyendera nthunzi inalowa m'Nyanja ya Malawi itanyamula amishonale, ndi chaka cha 1914, pamene sitima ya Angerezi inawombera sitima ya Ajeremani pa nyanja yomweyo, panangodutsa zaka 39. M'zaka zimenezi ntchito ya sitima inasintha katatu. Poyamba inali chonyamulira alaliki, mankhwala ndi nsalu, kenaka inasanduka chida chimene atsamunda anagonjetsera mafumu a m'mbali mwa nyanja, ndipo pamapeto pake azungu anaigwiritsa ntchito pomenyana okhaokha. Mbiri imeneyi timakonda kuisimba potchula David Livingstone, Robert Laws ndi Harry Johnston, koma amene ankagwira chiwongolero ndi kulamula asilikali anali anthu ena, ndipo tikayang'ana miyoyo yawo timaona kuti pa nyanja iyi kukula kwa udindo kunalibe phindu kwenikweni ngati munthu sanali kudziwa madzi, mphepo ndi eni dziko.

Kuti timvetse ntchito ya anthu amenewa tiyenera kuyamba ndi njira imene sitima inkafikira kunyanja. Kuchokera kunyanja yamchere, munthu ankalowera pa mathiriro a mtsinje wa Zambezi, n'kukwera mpaka pamene Shire amathira, n'kutsata Shire mpaka kwa Chibisa, kufupi ndi Chikwawa ya lero. Apa ulendo wa pamadzi unkathera chifukwa cha mathithi amene amayambira pa Kapichira n'kukafika kufupi ndi Matope. Sitima iliyonse yopita kunyanja inayenera kupangidwa m'zidutswazidutswa zomanga ndi mabawuti, kuti ikafika pa mathithiwo imasulidwe, isenzedwe pamutu ndi anthu mazanamazana ulendo wa makilomita pafupifupi 100, kenaka imangidwenso kumtunda. Ikayamba kuyenda inkadya nkhuni, osati malasha, motero kaputeni ankayenera kudziwa mudzi uliwonse umene akanagulako nkhuni ndi mfumu iliyonse imene ikanamukaniza. Pamwamba pa zonsezi panali mwera, mphepo yochokera kumwera imene imautsa mafunde aafupiafupi koma aukali m'miyezi yozizira. Mu Seputembala 1895 Bishopu Chauncy Maples anamira m'boti loyendera matanga atakumana ndi namondwe pa nyanjayi, ndipo iye sanali mlendo pa madzi amenewa.

Msilikali wapamadzi woyamba kuyesa njira imeneyi anali Komanda Norman Bedingfeld, amene anabwera ndi Livingstone mu 1858 kudzayendetsa kasitima kotchedwa Ma Robert. Kasitimaka kanali kofooka, kankadontha, ndipo anthu ankatha nthawi yambiri akudula nkhuni kuposa akuyenda. Bedingfeld anali wozolowera kulamula, Livingstone nayenso sanali munthu womva za mnzake, ndipo atambala awiri salira m'khola limodzi. Pasanathe miyezi ingapo Bedingfeld anatula pansi udindo n'kubwerera kwawo asanaione n'komwe nyanja imene Livingstone anakafikako mu Seputembala 1859.

Amene anakwanitsa zimene komandayo analephera anali munthu wa udindo wotsika kwambiri, Edward Daniel Young, wobadwa mu 1831. M'gulu la nkhondo lapamadzi la Britain la nthawi imeneyo munali magulu awiri a atsogoleri. Panali akuluakulu osankhidwa ndi kalata ya mfumu, monga malefutenanti, makomanda ndi makaputeni, amene ambiri mwa iwo ankachokera m'mabanja opeza bwino n'kulowa ntchito ali anyamata ophunzitsidwira utsogoleri. Panalinso akatswiri a ntchito zamanja, monga woyang'anira mizinga, kalipentala ndi kapitawo wa amalinyero, amene ankayamba ngati amalinyero wamba n'kukwera chifukwa cha luso lawo, koma n'kukaima pa malire amene ndi ochepa okha amene ankawadumpha. Young anali wa gulu lachiwirili, woyang'anira mizinga m'sitima yankhondo yotchedwa Gorgon, imene kumayambiriro kwa 1862 inafika ku mathiriro a Zambezi ikukoka chombo chimene chinanyamula Mary Livingstone ndi zidutswa za sitima ya Lady Nyassa. Kumeneko anamubwereka kuti akathandize Livingstone, ndipo kwa zaka pafupifupi ziwiri anayang'anira sitima ya Pioneer pa Zambezi ndi Shire. Zinali zaka zoipa, za malungo, za njala m'chigwa cha Shire ndi za mitembo yoyandama mumtsinje, koma m'menemo Young anaphunzira pamene pali mchenga, nyengo imene madzi amaphwa, komanso anadziwana ndi Amakololo amene Livingstone anawasiya kwa Chibisa ndipo anali kusanduka mafumu kumeneko.

Chidziwitso chimenechi chinaoneka phindu lake mu 1867. Mu Disembala 1866 anthu ena a pa chilumba cha Johanna, chimene lero ndi Anjouan ku Comoros, anafika ku Zanzibar motsogozedwa ndi munthu wotchedwa Musa n'kunena kuti Livingstone waphedwa ndi Angoni chakumadzulo kwa nyanja, ndipo iwo amuika m'manda. Ambiri anakhulupirira, ngakhale John Kirk amene ankamudziwa bwino Livingstone. Young sanakhulupirire, ndipo chifukwa chake chinali chapafupi: anagwirapo ntchito ndi Musa pa Zambezi ndipo ankamudziwa kuti ndi munthu wabodza. Roderick Murchison, mkulu wa bungwe la Royal Geographical Society, anagwirizana naye, ndipo boma linalola kuti Young atsogolere kagulu kochepa kopita kukafufuza.

Mmene anayendetsera ulendowo ndi chitsanzo cha ntchito ya munthu wodziwa chimene akufuna. Anapangitsa boti lachitsulo lotha kumasulidwa, lotchedwa Search, ananyamuka ku England mu Juni, anafika ku mathiriro a Zambezi chakumapeto kwa Julayi, ndipo mothandizidwa ndi Amakololo anadutsa mathithi n'kulowa m'nyanja kumayambiriro kwa Seputembala. Sanafunike kumupeza Livingstone mwini wake, chimene ankafuna ndi umboni woti anadutsa wamoyo pamalo pamene Musa ananena kuti anafera. Kugombe la kum'mawa anakumana ndi anthu amene anafotokoza za mzungu woyenda ndi kagalu, anamuonetsa tinthu timene mzunguyo anasiya, ndipo ena anamuzindikira pa chithunzi. Kummwera kwa nyanja, mfumu Marenga inamuuza kuti inamulandira Livingstone n'kumuperekeza ali bwinobwino, ndipo anthu a ku Johanna aja anadutsanso pamudzipo pobwerera atamuthawa. Young sanapitirire kukasaka ulemerero wina, anatembenuka, ndipo mu Januwale 1868 anali atafika kale ku England popanda kutaya munthu. Kwa munthu amene wawerenga za maulendo ena a nthawi imeneyo, mmene ankathera ndi maliro ndi mikangano, ulendo wa miyezi isanu ndi iwiri umenewu ndi wodabwitsa chifukwa cha kusowa kwake kwa zochititsa nthumanzi.

Mphotho yake inali ntchito yolondera gombe la England, ndipo akanakhala komweko mpaka kukalamba chikanapanda kuti Livingstone anamwalira mu 1873 m'dera la Ilala, ku Zambia ya lero, ndipo mpingo wa Free Church of Scotland unaganiza zokhazikitsa mishoni yomukumbukira pa nyanjayi. James Stewart wa ku Lovedale, amene anayambitsa ganizolo, ankadziwa kuti alaliki paokha sangathe kufikitsa sitima kumeneko, choncho boma linapemphedwa kuti limupatse Young tchuthi cha zaka ziwiri. N'chifukwa chake mtsogoleri woyamba wa Livingstonia sanali m'busa koma msilikali wapamadzi, ndipo Robert Laws, amene pambuyo pake anakhala zaka zoposa 50 m'dziko muno, anabwera ngati wachiwiri wake, dokotala wachinyamata wa zaka 24. Pagululi panalinso kalipentala George Johnston, amisiri a injini ndi zitsulo John McFadyen ndi Allan Simpson, mlangizi wa ulimi Alexander Riddel, mmalinyero William Baker, ndi Henry Henderson wa mpingo wa Church of Scotland, amene anatumidwa kudzafuna malo ndipo ndiye anasankha pamene pali Blantyre.

Ananyamuka ku London mu Meyi 1875 atanyamula zidutswa za sitima ya Ilala, yotalika mamita pafupifupi 15, imene inapangidwa ndi kampani ya Yarrow. Kampani yomweyo ndiyo inapanganso Ilala imene ikuyenda lero, imene inayamba ntchito mu 1951. Atafika pa mathithi, ubwenzi wakale wa Young ndi mafumu a Amakololo unagwiranso ntchito, pakuti anthu pafupifupi 800 anasenza zidutswa za sitimayo m'njira ya miyala, dzuwa la m'chigwa cha Shire lili pamutu, atalonjezedwa malipiro a nsalu, ndipo palibe chidutswa ngakhale chimodzi chimene chinasowa. Mabuku a amishonale amatchula mfundo imeneyi moyamikira kukhulupirika kwa anthuwo, koma imatiuzanso kuti sitima imene imatchedwa ya Young inakwera mapiri amenewo pa mitu ya Amang'anja. Pa 12 Okutobala 1875 Ilala inatuluka mu Shire n'kulowa m'nyanja, anazimitsa injini, n'kuimba Salimo 100, ndipo patapita masiku ochepa anasankha Cape Maclear kukhala malo a mishoni. Kusankhaku kunali kwa mmalinyero, chifukwa panali doko labwino lobisalirapo mwera, koma nthaka inali yosabereka, anthu anali ochepa ndipo malungo anali ambiri, mwakuti mu 1881 mishoni inasamukira ku Bandawe.

Mu Novembala ndi Disembala chaka chomwecho Young ndi Laws anazungulira nyanja yonse, n'kupeza kuti ndi yaitali kwambiri kuposa mmene Livingstone ankaganizira, makilomita oposa 550, ndipo mapiri a kumpoto chakum'mawa anawapatsa dzina la Livingstone. Pa maulendo amenewa ndi pamene mtima wa usilikali wa Young unaonekera. Pa nyanjapo pankayenda zombo za matanga za Jumbe wa ku Nkhotakota ndi za Makanjira wa kugombe la kum'mawa, zimene zinkawolotsa minyanga ya njovu ndi akapolo opita ku Kilwa. Zombo zimenezi zinali ndi akaputeni ake odziwa mphepo za nyanjayi kuposa mzungu aliyense, koma sizikanatha kuthawa sitima yoyenda mosadalira mphepo. Young ankaona kuti kagulu kochepa ka anthu okhala ndi mfuti m'sitima imodzi kakanatha kuimitsa malonda onsewo, ndipo ankalakalaka kutero, pamene malangizo amene mpingo unawapatsa ankaletsa kotheratu kuyamba ndewu pofuna kumasula akapolo. Anamvera, ngakhale monyinyirika. Stewart atafika chakumapeto kwa 1876, Young anamusiyira utsogoleri n'kubwerera ku ntchito yake yolondera gombe, ndipo anamwalira mu 1896.

Ganizo limene mpingo unamukaniza linakwaniritsidwa ndi ena pasanathe zaka 20. Mu 1888 kampani ya African Lakes, imene anthu ankaitcha Mandala, inali pa nkhondo ndi Mlozi ku Karonga, ndipo Kaputeni Frederick Lugard, msilikali wapamtunda amene anali pa tchuthi, anadzipereka kutsogolera anthu ake. Anawomberedwa poukira linga la Kopakopa, chipolopolo chinamuvulaza manja onse awiri ndi pachifuwa, ndipo anachoka mu 1889 Mlozi asanagonje. Munthu yemweyu ndiye anadzakhala bwanamkubwa wamkulu wa Nigeria mu 1914, ndipo zimenezi zikuonetsa mmene asilikali a nthawi imeneyo ankaonera nkhondo zing'onozing'ono za kuno: zinali makwerero a ntchito.

Kwa Kaputeni Cecil Maguire makwererowo anathyoka msanga. Iye anali msilikali wa pa kavalo wa gulu lankhondo la ku India, ndipo anabwera mu 1891 ndi asilikali a ku India pafupifupi 70, ambiri mwa iwo Asikh, kudzakhala dzanja lankhondo la Harry Johnston, dziko lino litangolengezedwa kuti lili pansi pa chitetezo cha Britain. Iye ndiye anamanga linga la Fort Johnston moyang'anana ndi mudzi wa Mponda, kumene kunayambira Mangochi. Mdani wamkulu anali Makanjira, mfumu ya Ayao imene mphamvu zake zinali pa zombo, ndipo mu 1888 inali itamuvula zovala ndi kumukwapula John Buchanan, woimira boma la Britain. Johnston analibe sitima yankhondo pa nyanja, choncho ankabwereka Domira, sitima yamalonda ya Mandala.

Pa 15 Disembala 1891 Maguire, atamva kuti zombo ziwiri za Makanjira zabisidwa pa gombe lina, anapita ndi Domira kukaziwononga. Pamalopo panali posaya, pa mchenga ndi miyala, ndipo mphepo inali itayamba kuwomba. Anatsika ndi asilikali ake n'kuyamba kuwononga zombozo, koma ankhondo a Makanjira anatulukira ambiri, boti limene anatsikira linaswedwa ndi mafunde, ndipo Maguire anawomberedwa ali m'madzi, atatsala pang'ono kukwera Domira. Sitimayo nayo inatitimira mumchenga pafupi ndi gombe n'kukhala masiku angapo ikuwomberedwa. Dokotala Boyce ndi mmisiri wa injini McEwan anapita kumtunda atauzidwa kuti akatenge mtembo ndi kukambirana za mtendere, ndipo anaphedwa komweko. Maguire anali wolimba mtima, palibe amene anakanapo zimenezo, koma analowetsa sitima yobwereka pa gombe losaya mphepo ikuwomba, chinthu chimene munthu ngati Young sakanachita. Zotsatira za imfa yake zinali zazikulu: Cecil Rhodes, amene ankagwira ntchito ndi Rochfort Maguire, mbale wake wa malemuyo, anapereka ndalama zomenyera Makanjira, mu 1893 sitima zankhondo za Adventure ndi Pioneer (osati Pioneer ya Livingstone ija) zinamangidwa pa nyanjayi, ndipo m'dziko la Makanjira munamangidwa linga la Fort Maguire. Kuyambira pamenepo zombo za matanga sizikanathanso kupikisana ndi boma.

Chaka chomwecho cha 1893 Ajeremani, amene pangano la 1890 linawapatsa dziko la kumpoto chakum'mawa kwa nyanja, anabweretsa sitima yawo yotchedwa Hermann von Wissmann, ndipo inadzera njira yomweyo ya Shire. Pa nthawiyo azungu a mitundu iwiriyi ankathandizana, mwakuti mu 1895, pamene Johnston anapita kukagonjetsa Mlozi ndi kumunyonga mu Disembala, sitima ya Ajeremaniyo inathandiza kunyamula asilikali ake kupita ku Karonga. Angerezi anamanga sitima yawo yaikulu mu 1899, ya matani pafupifupi 340, n'kuitcha Guendolen potengera dzina la mwana wamkazi wa nduna yaikulu Lord Salisbury.

Kaputeni wa Guendolen, Edmund Rhoades, anali wosiyana ndi Lugard ndi Maguire, chifukwa sanali wongodutsa. Anafika pa nyanjayi m'zaka za m'ma 1890 ndipo anakhalapo pafupifupi zaka 20, zambiri mwa izo za mtendere, akunyamula makalata, katundu ndi akuluakulu a boma. Anayeza kuya kwa nyanja ndi kujambula magombe ake, ndipo zimene anapeza zinasindikizidwa mu 1902. Ankatoleranso nsomba n'kuzitumiza ku British Museum, kumene katswiri George Boulenger anazipatsa maina a sayansi mu 1908, ndipo mpaka lero nsomba zina za m'nyanja yathu, monga Chilotilapia rhoadesii, zili ndi dzina lake. Pa nyanja imene akaputeni a chizungu ankawerengeka ndi zala, mnzake wapamtima anali Kaputeni Berndt wa Hermann von Wissmann, amene ankachezerana naye ndi kumwera limodzi sitima zawo zikakumana pa doko.

Britain inalengeza nkhondo ndi Germany pa 4 Ogasiti 1914, ndipo uthenga unafika ku Zomba pa waya wa telegalafu. Bwanamkubwa George Smith anaona msanga kuti amene angalamulire nyanja ndiye angathe kutumiza asilikali kumalire a kumpoto, popeza kunalibe msewu wa galimoto wofika ku Karonga, ndipo analamula Rhoades kuti akaononge sitima ya mnzakeyo. Rhoades anakwera mpaka ku Nkhata Bay, anawoloka usiku, ndipo m'bandakucha wa tsiku lina pakati pa mwezi womwewo analowa pa doko la Sphinxhaven, kumene lero ndi Liuli ku Tanzania. Anapeza Hermann von Wissmann itakokeredwa kumtunda kuti ikonzedwe. Mzinga wa Guendolen unali utakhala zaka zambiri osalira, zipolopolo zake zinali zakale, koma chimodzi chinakamenya sitimayo. Berndt anali asanamve kuti kwayamba nkhondo, ndipo malinga ndi mmene nkhaniyi yakhala ikusimbidwira, anakwera kaboti n'kupalasa mokalipa kupita kwa mnzakeyo kukamufunsa ngati waledzera. Atakwera m'sitimamo anauzidwa kuti tsopano ndi mkaidi wa nkhondo. Angerezi anachotsa mfuti ndi zipangizo zina za injini ya sitima ya Ajeremaniyo n'kubwerera.

Nkhani imeneyi azungu amaikonda chifukwa ndi yoseketsa, ndipo imatchulidwa ngati imodzi mwa nkhondo zoyambirira zapamadzi za nkhondo yoyamba ya dziko lonse. Kwa anthu a dziko lino zotsatira zake sizinali zoseketsa. Nyanja itatseguka, sitima zinanyamula asilikali a King's African Rifles kupita ku Karonga motsogozedwa ndi Kaputeni Barton. Pa 9 Seputembala gulu la Barton ndi gulu la Ajeremani, atapyolana usiku osaonana, anamenyana pa Karonga ndi pafupi napo, Ajeremani anagonja, ndipo ambiri mwa ophedwa mbali zonse ziwiri anali asilikali akuda. Imfa zimenezi ndi zimene zinachititsa John Chilembwe kulembera nyuzipepala ya Nyasaland Times mu Novembala kudandaula kuti anthu osauka akufera nkhondo imene si yawo, miyezi iwiri asanayambe kuukira kwake kwa pa 23 Januwale 1915. Jenerali Edward Northey atayamba kulowa m'dziko limene linkalamulidwa ndi Ajeremani, Tanzania ya lero, mu 1916, chakudya ndi zida zake zinkadzera pa nyanja yomweyi, m'sitima za boma, za Mandala ndiponso mu Chauncy Maples ya amishonale imene boma linaitenga, ndipo zikatsitsidwa pa gombe zinkasenzedwa ndi amtengatenga. Amuna pafupifupi 200,000 a dziko lino anagwira ntchito imeneyi m'nkhondo imene makolo athu anaitcha ya Chiwaya.

Rhoades mwini wake sanapitirize kulamula pa nyanjayi nthawi yaitali nkhondo itayamba. Udindowo unapita kwa George Dennistoun, msilikali wapamadzi wochokera ku New Zealand, amene kumapeto kwa Meyi 1915 anabwerera ku Sphinxhaven ndi asilikali n'kukaphulitsa Hermann von Wissmann poopa kuti Ajeremani angaikonze. Ngakhale zinatero sitimayo sinafe, pakuti Angerezi atalanda gombelo anaikonza n'kuitcha King George. Guendolen inagwira ntchito mpaka m'zaka za m'ma 1940 pamene inaphwasulidwa, ndipo mzinga wake wa mtundu wa Hotchkiss unaikidwa ku Mangochi pafupi ndi nsanja ya wotchi, pamalo pomwe palinso chikumbutso cha anthu 145 amene anamira ndi sitima ya Vipya pa 30 Julayi 1946.